Dzina la Natasha m'Buku la Ubatizo

Ntchito yanga yoyamba anandipezera ndi amayi, pamaliro. Anali kuseri kwa nyumba ya maliro ku Kabwata, akudula kabichi ndi amayi anzawo a kutchalitchi, pamene anamva kuti mtsikana wotaipa mu ofesi ya parishi akukwatiwa ndipo atsatira mwamuna wake ku Ndola. Sanadikire kuti maliro aikidwe. Anasamba m'manja n'kukagwada pafupi ndi a Zulu, akatekisiti athu, amene anakhala pampando pakati pa azibambo. Atabwera kunyumba anangoti, "Esnati, uchape diresi lako labuluu. Lolemba a Zulu akufuna akaone zala zako."

Ndinali ndi zaka khumi ndi zisanu ndi zinayi. Ndinali nditamaliza Fomu 3 ndi kosi ya kutaipa pa kasukulu kena ka pamwamba pa sitolo ku Kamwala, ndipo chaka chathunthu ndinakhala ndikuzungulira maofesi a m'tauni, setifiketi ili m'envulopu. Paliponse ankafunsa zinthu ziwiri: khadi ya chipani, ndi dzina la amene wandituma. Khadi ndinali nayo. Wondituma ndinalibe.

Lolembalo a Zulu anandipatsa tsamba la katekisimu kuti nditaipe, iwo ataima kumbuyo kwanga ndi wotchi m'manja. Nditamaliza sanaliyang'ane n'komwe pepalalo. Anayamba mafunso.

"Uli ndi m'bale ku polisi?"

"Iyayi, aphunzitsi."

"Ku ofesi ya chipani? Chibwenzi cha msilikali?"

Ndinakana zonse. Anandiyang'ana nthawi yaitali pamwamba pa magalasi, kenaka anati, "Uyambe mawa. Koma udziwe kuti ine munthu aliyense wolowa pakhomo apa ndimamukayikira kufikira atatuluka."

Sizinandidabwitse, chifukwa Lusaka yense ankakhala choncho masiku amenewo. Chipani chinali chimodzi. M'basi mukayamba kudandaula za kusowa kwa sopo ndi saladi, mafuta ophikira aja, wina ankakutsinani n'kuloza ndi maso munthu wa jekete amene wakhala chete kumbuyo. Anthu otere, akazitape a boma, tinkawatcha ashushushu, ndipo palibe ankadziwa kuti weniweni ndi uti. Nthawi yomweyo kunamveka kuti m'masukulu mulowa maphunziro ochokera ku maiko a chikomyunizimu, ndipo atsogoleri a mipingo anakana. A Zulu ankakhulupirira kuti Lamlungu lililonse pabenchi yomaliza pamakhala munthu wolemba ulaliki.

Ofesi yathu inali kachipinda kamodzi kumbali kwa nyumba ya ansembe. Munali tebulo langa, tebulo la a Zulu, benchi ya alendo ndi kabati yachitsulo. Patebulo langa panali makina otaipira akale, olemera, a riboni yakuda ndi yofiira. Chilembo cha "e" chinkadzaza inki, moti Lolemba lililonse ndinkachitokosa ndi singano n'kupukuta ndi sipiriti. Makalata ndinkataipa atatuatatu, makaboni awiri ali pakati. Nyimbo ndi zolengeza za Lamlungu ndinkazitaipa pa sitensulo nditachotsa riboni, kenaka n'kupukusa makina osindikizira mpaka inki ifike m'zigongono.

Koma ntchito yeniyeni inali buku la ubatizo. Linali lalikulu, lachikuto cha nsalu, ndipo tsamba lililonse linali ndi mizere yotsika: nambala, dzina la mwana, tsiku lobadwa, bambo, mayi, kumene akhala, womuimira mwana, ndi malo osainapo wansembe. Kholo likabwera mkati mwa sabata, ndinkalemba zonse pa fomu ndi pensulo, n'kuyerekeza ndi khadi ya kuchipatala, n'kuliwerengera mokweza. Mwana akabatizidwa Lamlungu, Lolemba ndi pamene ndinkalowetsa m'buku ndi cholembera cha inki, n'kuumitsa ndi pepala lomwetsa. Wansembe ankasaina, ine n'kutaipa khadi ya ubatizo n'kudinda. M'buku simunkalowa labala kapena lezala. Cholakwika ankakonza ndi wansembe yekha, ndi inki yofiira.

Ndinkakonda kutsegula masamba akale. Maina a atsikana ankayenda m'magulu. Zaka za amayi anga zinali za a Agnesi, a Veronika ndi a Tereza. Pambuyo pa ufulu panabwera maina a kumudzi, a Tisa, a Misozi, a Mutinta, a Chilufya, dzina la woyera likutsatira kumbuyo. Ndiye m'mwezi wanga wachiwiri panabwera dzina limene ndinali ndisanalilembepo.

Analibweretsa mayi wina wa ku Kasama, mkazi wa munthu wogwira ntchito ku njanji. Anati mwana wake ndi Natasha.

"Woyera wotchedwa choncho ine sindimudziwa," anatero a Zulu.

"Ni Chibemba, ba kafundisha," mayiyo anayankha akuseka. "Natasha, ndiye kuti nathokoza. Nakhala zaka zisanu kulibe mwana. Manje nizakamba chani kwa Mulungu?"

A Zulu anavomera, bola awonjezere Maria. Nkhani ikanathera pomwepo. Koma patapita milungu iwiri kunabwera Natasha wina, wa makolo a Chitonga. Kenaka wa mayi wa Chinsenga amene ankagwira ntchito ya m'nyumba ku Kabulonga, ndipo anati ndi dzina la mwana wa abwana ake. Kenaka wa dalaivala wa takisi, Mchewa mnzathu, amene analimva pa wailesi, pa pulogalamu ya moni. Mvula isanathe ndinali nditalemba asanu ndi awiri.

"Mbemba athokoze m'Chibemba, palibe mlandu," a Zulu anandiuza tsiku lina titatsala awiri. "Koma Mnsenga athokoza m'Chibemba chifukwa chiyani? Ndafufuza. Dzina ili ndi la ku Russia, dziko lokana Mulungu. Ayamba ndi maina a ana, amalizira m'sukulu. Pali amene akulifalitsa."

Anatsegula dirowa n'kutulutsa kope la ana a sukulu, la mizere. Anati aliyense wobwera ndi dzina limeneli ndizimufunsa, mocheza, kumene analitenga. Ndizilemba dzina la bambo, kumene agwira ntchito, ndi yankho lake. Ndizilemba ndi pensulo, ndipo kopelo lizikhala mu dirowa yanga, osati mu kabati.

Ndiyenera kunena zoona: ndinaikonda ntchito imeneyi. Mtsikana amene dzana ankabwezedwa pamakomo a maofesi tsopano anali ndi chinsinsi mu dirowa. Ndinaphunzira kufunsa ndikumwetulira, ndikugwedeza kaphazi ka mwana. "Dzina lokoma! Munalipeza kuti?" Mayankho ambiri anali opanda kanthu. Wina analiona m'magazini, wina ndi dzina la mwana wa neba. Mayi mmodzi, wogulitsa nsalu, ndiye anandipatsa yankho limene ndinalimvetsa patapita zaka. "Ili dzina ilibe mtundu," anatero. "Mzungu aichula bwino, Mbemba aona monga ni yake. Mwana akakula, akayenda kufuna nchito, sibazaziba kwamene achokela." Ine ndinalemba kuti: "Akufuna kubisa mtundu." Ndinatsindika ndi mzere pansi.

Wansembe wathu, amene tonse tinkawatcha Abambo, anali mzungu wokalamba wa ku Poland, wolankhula Chinyanja cha m'mabuku. Za kope sankadziwa. Tsiku lina akusaina makhadi ndinawafunsa ngati n'zoona kuti Natasha ndi dzina la ku Russia.

"N'zoona," anatero, osakweza mutu. "Anthu a ku Russia ndilibe nawo chifukwa chowakondera, anatizunza kwathu. Koma dzinali ndi labwino. Dzina lonse ndi Natalia, lochokera ku liwu la Chilatini lonena za kubadwa, tsiku lobadwa Ambuye. Woyera Natalia alipo. Natasha ndi kaitanidwe kachikondi, monga mayi aitanira mwana wake, kapena mnyamata aitanira bwenzi lake."

Pa zonse zimene ananena, ine ndinatola mawu omalizawo. Nditawauza a Zulu kuti woyera wake alipo, anangopukusa mutu. "Abambo ndi munthu wabwino," anatero, "koma Lusaka samudziwa. Pitiriza kulemba."

A Daka anabwera Lachitatu lina m'mawa, pa galimoto ya kuntchito. Anali mwamuna wamtali wa zaka ngati makumi atatu, wovala suti yotuwa, wokhala ku Woodlands. Anabwera okha. Anati akazi awo, mphunzitsi wa ku pulayimale, sanachire bwino chifukwa mwanayo anabadwa ndi opaleshoni. Anali mwana wawo woyamba. Onse awiri kwawo kunali ku Katete. Nditafika pa dzina la mwana anati, "Natasha."

Ndinamwetulira monga mwa masiku onse. "Dzina lokoma, bambo. Munalipeza kuti?"

"Nalikonda chabe," anayankha.

"Kapena pali wachibale wa Chibemba?"

Anandiyang'ana. "Ili pa fomu iyo funso?"

Atatuluka, a Zulu anayandikira tebulo langa n'kunong'ona kuti munthuyo akumudziwa. Ndi injiniya pa kampani ina ya boma, ndipo boma linamutumiza kukaphunzira ku Russia zaka zisanu. Ndinatulutsa kope n'kulemba: "Daka, Woodlands. Russia zaka zisanu. Wakana kunena."

Tsiku lomwelo ndinalakwitsanso china. Ana oti abatizidwe Lamlungu likubweralo anali ambiri, ndipo Lolemba lake ndinkafuna kudzaweruka msanga. Ndinatsegula buku lalikulu n'kulowetseratu maina onse ndi inki, ubatizo usanachitike.

Lachinayi masana kunamveka kuti saladi wafika pa sitolo ina ya boma m'tauni. A Zulu anandilola kupita, bola ndiwagwirire malo. Pamzere ndinakumana ndi msuweni wanga Beatrice, amene ankataipa mu ofesi ya sukulu ina. Tinaima maola anai padzuwa. Tinakamba za madiresi, za anyamata, za amene wathawa ndi mwamuna wa yani, mpaka nkhani zinatha. Pamenepo ndi pamene ndinafuna kumuonetsa kuti nanenso ntchito yanga ili ndi zake.

Ndinamuuza za kope. Ndinamuuza za injiniya wa ku Woodlands amene anabwera yekha, mkazi ali chigonere, n'kupatsa mwana dzina la ku Russia. "Abambo anandiuza okha," ndinatero, "kuti kumeneko ndi mmene mnyamata amaitanira chibwenzi chake. Zaka zisanu, iwe Beatrice, m'dziko lozizira chonchija. Ukuganiza kuti ankafunda mabuku?"

Beatrice anaseka mpaka kugwira phewa langa. Kenaka anafunsa dzina la munthuyo, ndipo ndinamuuza. Anasiya kuseka pang'ono, n'kunena kuti mai Daka amaphunzitsa pasukulu yawo. Ndinamulumbiritsa kuti asauze munthu. Analumbira. Saladi anatha tisanafike pakhomo.

Loweruka linali tsiku la maphunziro a makolo ndi oimira ana, kuyambira teni koloko. Ine ndinafika msanga kudzapukusa nyimbo. Ndili mkati mopaka inki pa makina, ndinamva munthu akukwera masitepe pang'onopang'ono, ngati nkhalamba. Analowa mayi wachitsikana, wochepa thupi, dzanja limodzi atagwira pamimba, linalo atafungata khanda m'shawelo yoyera. Milomo yake inali youma. Ndinamva pambuyo pake kuti anayenda pansi kuchokera pamene inamusiya basi.

"Ndiwe Esnati?"

"Ndine, amayi."

"Ndine mai Daka." Anakhala pabenchi mosamala, akuluma mlomo. "Ndamva kuti iwe ukumudziwa mkazi mnzanga. Ndabwera kuti undiuze. Ndi wamtali? Ali ndi ana?"

Inki inkandidontha m'zala. Ndinati sindikudziwa chimene akunena.

"Aphunzitsi anzanga atatu anabwera dzulo kudzaona mwana," anatero, mawu ali pansipansi. "Aliyense akamunyamula amayang'ana mnzake. Wachitatu ndiye anandimvera chisoni n'kundiuza. Sukulu yonse ikudziwa kuti mwana wanga ali ndi dzina la chibwenzi cha bambo wake, ndipo zachokera ku ofesi ya tchalitchi. Ine ndinang'ambidwa pamimba kuti ndibereke chikumbutso cha mkazi wina?"

A Zulu anali atangolowa, ataima pakhomo ndi makiyi m'manja. Asanalankhule, panja panaima galimoto mwamphamvu, ndipo a Daka analowa opanda tayi, malaya ali kunja. Anayang'ana akazi awo, mtima n'kukhala pansi poona kuti ali bwino. Kenaka anatembenukira kwa ine.

"Ili kuti lisiti ya maina?"

Sanadikire yankho, anapitiriza.

"Namvela kuti muno mulemba maina ya banthu bamene boma inatuma ku maphunzilo. Dzina yanga iliko, na kwamene nisebenza. Mupeleka kuli bandani? Ndimwe bashushushu, olo muli na benangu bamene mutumikila?" Ndinaona kuti si mkwiyo wokha. Anali ndi mantha. Masiku amenewo dzina likapezeka papepala losadziwika mwini wake, munthu ankatha kuchotsedwa ntchito kapena kutengedwa kukafunsidwa, osabwerako msanga. Ndipo chipani chikanamva kuti tchalitchi chikusunga maina a anthu a boma, woyamba kukwezedwa ndege kubwezedwa kwawo akanakhala wansembe wathu wokalamba.

"Ba Zulu, ndimwe bakulu muno. Yankhani."

A Zulu anaika makiyi patebulo. "Lisiti yanji, bambo? Ine ndimadziwa buku la ubatizo basi. Ngati mtsikanayu ali ndi zolemba zake, ine sindizidziwa."

Ndinawayang'ana. Iwo ankayang'ana kalendala.

Panja makolo anali atayamba kusonkhana, ndipo nkhope zinadzaza pazenera. Phokoso linafika kunyumba ya ansembe. Abambo analowa ndi ndodo yawo, natseka chitseko ndi makatani, nafunsa chimene chachitika. A Daka anafotokoza. Abambo anatembenukira kwa ine n'kutambasula dzanja. Ndinatsegula dirowa n'kuwapatsa kope.

Anawerenga masamba onse atatu ataimirira. Pamene panali "Akufuna kubisa mtundu" anaima, nandiyang'ana.

"Anakutuma ndani?"

Ndinaganiza zowatchula a Zulu. Koma iwo anali atakana kale pamaso pa anthu, ndipo zolembazo zinali za dzanja langa, mzere uliwonse. Za chibwenzi si a Zulu anandiuza.

"Ndinalemba ndine, Abambo."

Abambo anawaonetsa a Daka mzere wawo kuti aone okha zimene zinalembedwa. Kenaka anang'amba masamba atatuwo, nawaika m'chitini cha zinyalala, nayatsa ndi machesi a makandulo. Tinaima tonse kuyang'ana mpaka anasanduka phulusa. Anapatsa a Daka kope lotsalalo kuti atsegule tsamba ndi tsamba, aone kuti mulibe china.

"Palibe kope lina?" anafunsa a Daka. "Kaboni?"

"Ndi pensulo, bambo," ndinayankha. "Palibe."

Sanandikhulupirire, ndinaona m'maso mwawo. Koma anakhala pansi.

"Zanu zatha," anatero mai Daka. "Zanga sizinathe. Pano pali Abambo. Nenani pamaso pawo, dzina ili munalitenga kuti?"

A Daka atayamba kulankhula, Chinyanja cha m'tauni chija chinali chitawathawa. Analankhula Chichewa cha kwawo ku Katete.

"Inu munali mutagonekedwa, simudziwa. Mwanayu anatuluka osalira. Ine ndinali pakhonde, chitseko chili chotseguka pang'ono. Ndinaona anamwino akuthamanga naye, ali lende ngati nsalu yonyowa. Dokotala anali ndi inu, chifukwa magazi sankaleka. Namwino mmodzi wachikulire, Mbemba, anamugoneka patebulo n'kumamupuma m'kamwa, kumutikita, kumupumanso. Ndinayamba kuganiza za mabokosi awiri. Ndiye mwana analira. Namwino uja anakweza manja n'kufuula, kuthokoza Mulungu m'Chibemba, kuti, 'Natasha, mwe Lesa!' Ine ndinakhala pansi pasimenti. Dzina ndinalitenga pamenepo."

"Bwanji simunandiuze?"

"Ndikanakuuzani bwanji kuti munatsala pang'ono kufa nonse awiri, inu musanayambe n'kuyenda komwe?"

Mai Daka anayang'ana mwana wawo. Misozi inatsika, koma nkhope sinafewe.

"Ku Russia analiko a Natasha?"

"Analiko. M'kalasi mwathu munali atatu."

"Mwa atatuwo?"

"Palibe, amake mwana. Palibe."

"Chabwino." Anapukuta m'maso ndi nsonga ya shawelo. "Ngati dzinali ndi lothokoza, tithokoze m'chinenero chathu. Akhale Thokozani. Tanthauzo ndi lomwelo, si choncho?"

Tonse tinayang'ana a Daka. Sanachedwe ngakhale pang'ono.

"Lembani Thokozani."

Abambo anati palibe chovuta, popeza fomu ndi ya pensulo. Apa ndi pamene ndinayenera kuulula cholakwa changa chachiwiri. Ndinatulutsa buku mu kabati n'kutsegula. Dzina linali kale m'menemo, ndi inki youma, mwana asanabatizidwe. Mai Daka anawerama n'kuliwerenga, chala chili pansi pa zilembo. Abambo anatenga cholembera chofiira ndi rula, najambula mzere umodzi woongoka pa dzinalo, nalemba pamwamba pake "Thokozani Maria", nasaina m'mphepete. Dzina lakale linkawerengekabe pansi pa mzerewo.

"Silingafufutidwe?" anafunsa mai Daka.

"Ayi, mai. M'buku ili sitifufuta."

Mwanayo anabatizidwa mawa lake pamodzi ndi anzake. Awiri mwa anzakewo anali a Natasha.

Lolemba Abambo anandiitana. Sanakweze mawu. Anati anthu amabweretsa kwa ife maina a ana awo chifukwa amatikhulupirira, ndipo ine ndinatenga chikhulupiriro chimenecho n'kukacheza nacho pamzere wa saladi. Anati sandichotsa, koma kwa miyezi itatu sindilandira kholo lililonse ndipo buku sindiligwira. Ndinkangotaipa nyimbo, nditafulatira chitseko. Amayi ena akalowa ankatsitsa mawu akandiona, ena ankapempha kuti alankhule ndi a Zulu panja. Ku Kabwata kunamveka kuti ine, mwana wa a Phiri, ndine shushushu. Amayi anga anasiya kupita ku msonkhano wa amayi kwa mwezi wathunthu, ndipo Beatrice sitinalankhulane mpaka pa ukwati wa mlongo wake.

A Zulu sanaitchulenso nkhaniyi, kupatula kamodzi. Tikutseka ofesi tsiku lina, akulimbana ndi loko, anati, "Ndili ndi ana asanu ndi mmodzi, Esnati. Nyumba imene ndikhalamo ndi ya parishi." Tinagwira ntchito limodzi zaka zina zinai, aliyense akukiya dirowa yake.

Khadi ya ubatizo ya Thokozani inakhala mu kabati milungu isanu ndi umodzi. Tsiku limene mai Daka anabwera kudzaitenga, a Zulu anali ku maliro, ndipo munalibe wina wowapatsa koma ine. Anali atachira, mwana ali kumsana. Ndinawapatsa khadi ndi manja awiri, kenaka ndinagwada pansi pasimenti n'kupepesa. Ndinati zonse ndinazipeka ndekha, sindinkadziwa kanthu za amuna awo.

"Dzuka," anatero. "Ndinapita kuchipatala. Namwino uja ndinamupeza."

"Ndiye ananena chiyani, amayi?"

"Akuti n'zoona. Mwana anabadwa osapuma, ndipo anafuuladi mawu amenewo. Akuti amafuula choncho mwana aliyense wovuta akalira."

Ndinadzuka. "Ndiye kuti amuna anu ananena zoona. Nkhani yatha."

Anaika khadi m'chikwama, natseka zipi pang'onopang'ono.

"Amafuula kwa mwana aliyense," anatero. "Azibambo angati amene anaima pakhonde paja n'kumva? Onsewo anangomva Chibemba. Bwanji khutu la amuna anga lokha ndilo linamva dzina la mkazi? Ndipo unaona mmene anavomerera msanga kulisintha? Munthu amene dzina analipeza mwana wake akuuka kwa akufa, angalitaye msanga chonchija? Akanakana, ndikanadziwa. Avomera, sindikudziwabe." Anakonza nsalu ya mwana paphewa. "Sindikukwiyira, Esnati. Koma kale akachedwa kuntchito ndinkaganiza kuti ali kuntchito."

Anatuluka. Ndinawaonabe ku Misa kwa chaka ngati chimodzi, iwo ndi amuna awo pabenchi imodzi, akulandizana mwana mwaulemu ngati anthu okumana m'basi. Kenaka a Daka anasamutsidwira ku Kitwe. Ena anati anapita onse, ena anati mai Daka anatsala ku Chelstone kwa achemwali awo. Sindinafufuze.

Dzina la Natasha linapitirira kuchuluka. Pamene ndinkachoka pa parishi, mwezi sunkatha osalilemba, ndipo a Zulu omwe anali atasiya kukweza mutu akalimva. Pambuyo pake ndinagwira ntchito zaka zambiri m'maofesi a sukulu ndi a chipatala, kumene mafayilo a anthu ankadutsa m'manja mwanga tsiku ndi tsiku. Pamene ndinayamba kuphunzitsa atsikana atsopano, ndinkawauza nkhani iyi dzina la banjalo nditalisintha, monga ndachitira pano.

Ndinkawauza kuti pamzere paja sindinaname pa zimene ndinkadziwa. Zinali zoona kuti bamboyo anaphunzira ku Russia. Zinali zoona kuti kumeneko dzinalo liliko. Chachitatu, chija chinalowa m'nyumba ya eni ake, ndinachipanga ndekha polumikiza ziwirizo, nditatopa ndi dzuwa ndipo ndikufuna kuti msuweni wanga aseke. Kalaliki amaona zidutswa za moyo wa anthu, ndipo zidutswa ziwiri zikayandikana patebulo zimaoneka ngati nkhani yathunthu. Kuyambira tsiku limene mai Daka anatseka zipi ija, ndikaona ziwiri zotero ndimazibwezera chilichonse m'fayilo yake, ndimakiya kabati, ndipo ndikafika kunyumba akandifunsa za kuntchito ndimati kunali bwino.